Maliro a pa Foni

Lachinayi, ku Yofu. Lero ndaseka mpaka nthiti kuwawa.

Masana ndimawaonetsa azakhali filimu pa foni, ya masewera oti ukalephera amakuwombera. Iwo anakondamo mtsikana wina wamfupi, akuti amafanana ndi Mereya wawo wa ku Joni. Atamuwombera, azakhali anakuwa, "Mayo ine, mwana wanga!"

Kuno kukuwa kotero n'kuitana mudzi. Mayi Fulata oyandikana nafe anasiya chinangwa pathandala n'kufika akulira kale Mereya. Amuna awo, a Yakobo, anali pambuyo atasenza chikuni cha pamaliro.

Nditawaonetsa foni, a Yakobo anatula chikunicho n'kuchikhalira. "Basi, tafika kale. Tabwezani tione mmene wafera."

Mawa akuti abweranso onse. Sindinawauze kuti wotsatira kufa ali ndi dazi ngati la a Yakobo.