Mchenga wa Chiliza cha Bambo a Tadala

Lachinayi, ku Chinsapo. Kwatentha tsiku lonse, ndipo mtima wanga sunakhazikike.

Amayi a Tadala, oyandikana nafe nyumba, abwerako kukhoti. Mlandu wawo wa mchenga auimitsanso. Mwezi watha anthu a boma anatapa milu yonse ya m'mbali mwa mtsinje, akuti lamulo la migodi sililola kukumba mchenga popanda chilolezo. Mulu wa mayiwa unatengedwanso, chonsecho sunali wogulitsa. Anaututa okha ndi beseni pamutu kuti amangire chiliza cha malemu amuna awo. Mchenga wogula pa lole anaukana. Ati bambowo ankakumba mchenga, ayenera kugona pansi pa mchenga wa mtsinje umene unkawadyetsa.

Ndinawapeza pakhonde akuvula nsapato.

"Aweruza bwanji, Amayi?"

"Akuti mchengawo ndi umboni, achimwene, sautulutsa mpaka mlandu uthe." Anaseka pang'ono. "Bambo a Tadala sanalowepo m'chitokosi moyo wawo wonse, koma mchenga wawo uli pa limandi."

Lamulolo sindikulitsutsa. Gombe limene tinkaanikapo malaya tili ana linagumuka kalekale, madzi akuyandikira nyumba za anthu. Koma achibale a malemu afika Loweruka kuchokera ku Dedza kudzamanga chilizacho, mmisiri amuuza kale.

Mayiwa andipempha wilibala, akuti mawa alawirira kumtsinje. Akawagwira kachiwiri, mlandu ukula. Ndinafuna kuwaletsa, mawu ndinali nawo pakamwa. Ndinangopezeka ndagwada pabwalo, ndikudontheza oyilo pagudumu kuti lisakalire panjira.