Msonkhano Woyesa Fani ya Ampu ya M'tchalitchi

KOMITI YA CHIPEMBEDZO NDI ZIPANGIZO, TCHALITCHI CHATHU CHA KUMTUNDA, MANJE

Tsiku: Loweruka, 18 Okutobala 2025
Malo: M'tchalitchi, pa mabenchi a kwaya, pafupi ndi shelefu ya ampu (chipangizo chokuzira mawu)
Nthawi yoyambira: 2:20 masana

Opezeka:
Bambo Jonas Semba, Wapampando
Bambo Hawkins Muhiwa, Wachiwiri kwa Wapampando, mkulu wa kwaya
Mayi Olive Nakoma, membala
Bambo Everson Thole, membala, woimba kiyibodi
Mayi Clara Fatchi, woimira amayi okongoletsa guwa (anafika 3:05)
Bambo Laurenti Alufandika, Mlembi

Woitanidwa: Mayi Petronela Dzimbiri, okonza ma TV ndi mafoni pamsika wa Chilobwe

Opepesa: Mayi Angela Zuze, ali kumaliro ku Nsanje
Osabwera, osapepesa: Bambo Marko Nyakuipa

1. KUTSEGULA

Mayi Nakoma anatsegula ndi pemphero. Wapampando analandira onse ndipo anapempha kuti msonkhano ukhale waufupi popeza kunali kotentha kwambiri ndipo denga lathu lilibe siling'i chiikireni malata atsopano.

2. ZOLEMBEDWA ZA MSONKHANO WAPITA

Mlembi anawerenga ndipo komiti inavomereza.

Mlembi anapemphanso kuti Mfundo 4 ya msonkhano wa pa 2 Disembala 2023 iunikidwenso. Kwa owerenga amene kunalibe, mfundoyo imati: "Ampu yakale inapsa pa chaka cha Khristu Mfumu chifukwa Bambo Alufandika anaitsegula dzulo lake popanda chilolezo. Kiyi wa kabati ya zokuzira mawu achotsedwe kwa iwo." Mlembi anakumbutsa komiti kuti anasunga kiyi ameneyo zaka khumi ndi zinayi, kuti anangotsegula ampuyo kuti apukute fumbi monga ankachitira mwezi uliwonse, ndipo kuti mawu omunenerawo anawalemba yekha ndi dzanja lake chifukwa ndiye mlembi, kenako anawerengedwa pa Misa pamaso pa mkazi wake ndi adzukulu ake.

Bambo Muhiwa anati nkhani imeneyi inatha kalekale. Mlembi anati kwa iye sinathe. Wapampando anati ikambidwe pa Zina ndi Zina. Aka ndi kachisanu ndi chinayi kuikankhira kumeneko.

3. LIPOTI LA FANI YA AMPU YATSOPANO

Wapampando anafotokoza vuto. Kumbuyo kwa ampu yatsopano kunaikidwa fani yoiziziritsa, koma imazungulira ndi mphamvu zonse nthawi zonse, ndipo maikolofoni ya paguwa imatola phokoso lake. Bambo Mfumu anadandaula kuti pa nthawi yachete ya Misa zimamveka ngati chigayo. Bambo Thole anavomera kuti akhala akuizula fani nthawi imeneyo, ndipo kawiri anaiwala kuibwezera, ampu n'kutentha, n'kuzima ulaliki uli mkati.

Mayi Dzimbiri anaonetsa kabokosi kamene apanga, kofanana kukula ndi sopo wochapira. Anati mkati muli kabolodi kotchedwa Aduino, komwe ndi kakompyuta kakang'ono kochita ntchito imodzi yokha imene mwakauza. Waya wina ukupita ku sensa yomva kutentha, imene aimata pa chitsulo cha ampu. Wina ukupita ku fani, yomwe imayendera magetsi a mavoloti khumi ndi awiri. Kutsogolo kuli kagalasi koonetsa madigiri.

Mayi Nakoma anafunsa kuti kanthu kakang'ono chotero kamachepetsa bwanji liwiro. Mayi Dzimbiri anayankha kuti sikachepetsa magetsi ayi. Kamangoyatsa ndi kuzimitsa magetsi opita ku fani kambirimbiri pa sekondi imodzi, mwachangu choti diso silingaone. Nthawi yoyatsa ikatalika kuposa yozimitsa, fani imathamanga. Ikafupika, fani imayenda mwakachetechete. Anati kabolodiko pakokha kalibe mphamvu yonyamula fani, choncho kamatuma thiranzisita, ndiyo imagwira ntchito ya swichi. Anakauza kuti pansi pa madigiri 35 fani izingoyenda pang'onopang'ono, kutentha kukamakwera iziwonjezera, pofika 55 ithamange ndi mphamvu zonse.

Bambo Muhiwa anafunsa ngati swichi wamba ya pagolosale singakwanire. Mayi Dzimbiri anati swichi wamba imafuna munthu wosaiwala. Bambo Thole anayang'ana pansi.

Mlembi anafunsa mafunso awiri. Loyamba, ngati aikapo choteteza thiranzisita, popeza mota ukaidula magetsi mwadzidzidzi imabweza mphamvu kumbuyo. Lachiwiri, ngati fani siimangong'ung'udza osazungulira akaipatsa mphamvu yochepa poyambira. Bambo Muhiwa anati tisataye nthawi ya mlendo. Mayi Dzimbiri anati mafunsowo ndi enieni. Anaonetsa dayodi imene anaika yoteteza thiranzisitayo, ndipo anati poyatsa kabolodiko kamayamba kaikankha fani mwamphamvu kwa sekondi imodzi kenako n'kutsitsa. Anafunsa kuti, "Bambo, munaphunzira kuti zimenezi?" Mlembi anayankha kuti sukulu analekezera Sitandade 5, koma anakulunga mamota pafakitale ya nsalu zaka makumi awiri ndi ziwiri. Mayi Dzimbiri anati zikuoneka. Mawu amenewa alembedwa monga ananenera.

4. KUYESA KOYAMBA

Nthawi ya 2:50 kabokosi kanalumikizidwa. Bambo Thole anaimba kiyibodi mokweza kwa mphindi khumi ndi zisanu. Kagalasi kanayambira pa 33 n'kukaima pa 41. Fani inawonjezera liwiro pang'ono koma sinamveke. Mayi Nakoma anapita paguwa, anayatsa maikolofoni n'kukhala chete. M'masipika simunamveke kanthu. Komiti inaomba m'manja.

Wapampando anapempha Bambo Thole kuti asiye kiyibodi ikudziimbira yokha pamene komiti ikukambirana za malo okhomera kabokosiko.

5. ZIMENE ZINACHITIKA MAYI FATCHI ATAFIKA

Mayi Fatchi anafika 3:05 ndi beseni la nsalu zochapa ndi kusita, pokonzekera Lamulungu la Mishoni mawa. Anapepesa chifukwa chochedwa ndipo anati ayambe ayala nsalu asanakhale pansi. Monga mwa mwambo wa amayi pa masiku a chikondwerero, anayala paguwa, pa gome lowerengera, ndi pa tebulo la zopereka. Anayalanso nsalu yoyera yochindikala, yopetedwa mphesa ndi tirigu, pamwamba pa ampu, n'kuipinda bwino m'mbali ndi kumbuyo. Komiti inali pa mkangano wa misomali ndi masikuluwu, ndipo palibe amene analabadira kupatula Mlembi, amene anaona koma anasankha kukhala chete n'kuyang'ana wotchi.

Patapita mphindi zisanu ndi ziwiri fani inayamba kumveka. Patapita khumi inali kulira ngati kale.

Bambo Muhiwa anaimirira n'kunena kuti, "Mwaona? Zapamsika izi. Sizinathe ndi ola lomwe." Anapempha kuti zilembedwe kuti iwo anakayikira kuyambira pachiyambi. Zalembedwa.

Mayi Dzimbiri anati kabokosi sikanawonongeke, kakuchita zimene anakauza. Anatukula ngodya ya nsalu n'kuwerenga kagalasi: 58. Anafunsa kuti wafunditsa ampu ndani, popeza mabowo onse otulukira mpweya atsekeka.

Apa Mlembi anaika cholembera pansi, anapita pa shelefu, anachotsa nsaluyo, anaipinda mwaulemu n'kuipereka kwa Mayi Fatchi. Anapempha komiti kuti isalankhule, ingoyang'ana kagalasi. Kanatsika: 56, 52, 47, 43. Fani inatsika nako limodzi mpaka inangoti zii.

Bambo Muhiwa anati mwina zangochitika. Mlembi anapempha kuti abwereze. Wapampando anati nthawi yatha. Mayi Nakoma anati, "Ayi a Semba, munthuyu wadikira zaka ziwiri, ife tingalephere mphindi makumi awiri?" Nsalu inabwezeredwa. Kagalasi kanakwera kufika 57, fani inalira. Nsalu inachotsedwa, kanatsika, fani inakhala chete. Mlembi anapempha kachitatu. Wapampando anakana. Mlembi anavomera kuti kawiri kakwana.

6. MFUNDO 4 YA PA 2 DISEMBALA 2023

Mayi Nakoma anapereka ganizo loti nkhaniyi isadikire Zina ndi Zina. Bambo Thole anavomereza.

Mlembi anafunsa Mayi Fatchi ngati ampu yakale inali yofunditsidwa tsiku limene inapsa. Mayi Fatchi anati inde, ndi nsalu ziwiri, popeza kunabwera alendo ochokera ku parishi. Anati sanadziwe kuti chitsulo chimafuna kupuma, ndipo palibe amene anawafunsapo. Anaoneka okhumudwa kwambiri. Mlembi anati alibe nawo mlandu, chifukwa iwo ankangokongoletsa nyumba ya Mulungu, ndipo pa msonkhano wa 2023 kunalibe.

Mlembi anakumbutsa komiti kuti pa msonkhano umenewo anatchula za nsalu, koma anayankhidwa kuti munthu wa Sitandade 5 asaphunzitse anthu za mawaya, ndipo analamulidwa kuti zimenezo asalembe. Bambo Muhiwa anati sakukumbuka kunena mawu otere. Bambo Thole anati iwo akukumbuka.

Mayi Fatchi anapempha kuwonjezerapo. Anati kale amayi sankafunditsa ampu. Anayamba chaka chimenecho atapemphedwa. Wapampando anafunsa kuti anapempha ndani. Mayi Fatchi anati, "Si inu a Muhiwa? Munati ikuoneka ngati bokosi la wokonza njinga, alendo atiseka. Nsalu yachiwiri ija munachita kunditengera nokha m'kabati."

Bambo Muhiwa anati cholinga chawo chinali chabwino. Mlembi anati cholinga chake popukuta fumbi chinalinso chabwino. Bambo Muhiwa anati palibe angatsimikize lero chimene chinapsereza ampu zaka ziwiri zapitazo. Wapampando anafunsa maganizo a Mayi Dzimbiri. Iwo anati sanaione ampu yakaleyo, choncho sangalumbire. Koma anati ngati yatsopanoyi, yokhala ndi fani, yafika 58 pa mphindi khumi ndi nsalu imodzi, ndiye yakale yopanda fani, ndi nsalu ziwiri, pa Misa ya maola atatu mu Novembala, akanadabwa ikanapanda kupsa. Anawonjezera kuti kupukuta fumbi sikupsereza ampu, kumaitalikitsa moyo, ndipo anapempha kuti yatsopanoyi wina aziipukuta chifukwa mkati mwadzaza kale.

Wapampando anati komiti inalakwa, iwonso analakwa posayina, ndipo anapepesa kwa Bambo Alufandika. Anatembenukira kwa Wachiwiri wawo. Bambo Muhiwa anati ngati pali amene anakhumudwa, n'zachisoni. Mayi Nakoma anati kumeneko si kupepesa. Bambo Muhiwa anati ndi kumene ali nako. Mlembi anati alemba monga momwe kwabwerera.

Zogwirizana:

(a) Mfundo 4 ya pa 2 Disembala 2023 yafafanizidwa. Mlembi ajambule mzere pa mawuwo m'buku lakale, Wapampando asayine m'mbali.
(b) Kabokosi ka Mayi Dzimbiri kalandiridwa ndi kuthokoza. Kakhomedwe ndi masikuluwu pambali pa shelefu, kagalasi kayang'ane kwa woimba kiyibodi. Fani isazulidwenso.
(c) Ampu isafunditsidwenso tsiku lililonse, ngakhale kubwere alendo otani. Mayi Fatchi anati apeta kansalu kopapatiza kolendewera m'mphepete mwa shelefu, kosakhudza ampu. Mayi Dzimbiri anati kameneko kalibe vuto.
(d) Kiyi wa kabati ya zokuzira mawu abwerere kwa Bambo Alufandika.

Mlembi anauzidwa kuti asavote popeza nkhani ndi yake, ndipo anavomera. Anakweza manja Mayi Nakoma, Bambo Thole, Mayi Fatchi ndi Wapampando. Bambo Muhiwa anakweza pa (b) pokha.

Kiyi anali pa mpukutu wa makiyi a Bambo Muhiwa. Anati mphete yake ndi yolimba, abweretsa mawa. Mayi Dzimbiri anawabwereka pulayazi. Kiyi anaperekedwa nthawi ya 4:12.

7. ZINA NDI ZINA

Mlembi anati popeza mlandu unawerengedwa pa Misa, kufafaniza kwake kuwerengedwenso pa Misa. Bambo Muhiwa anati zimenezo zingochititsa anthu manyazi. Mlembi anati manyazi akuwadziwa bwino, sapha munthu. Analonjeza kuti satchula dzina la wina aliyense kupatula lake. Wapampando anavomera, ndipo anati adziwitsa Bambo Mfumu madzulo ano kuti chilengezo chiwerengedwe mawa, Misa yoyamba ndi yachiwiri yomwe.

Wapampando anafunsa kuti awerenge ndani. Mayi Nakoma anati mwini wake. Mlembi anati maso ake ndi ofooka koma mizere iwiri aikwanitsa, ndipo sadzafuna pepala.

Mayi Dzimbiri anapempha kuti Lachitatu Bambo Alufandika adzafike kushopu kwawo, ali ndi mota ya makina osokera imene yawakanika. Mlembi anati aona ngati mpata ulipo. Mpata ulipo.

8. MSONKHANO WOTSATIRA

Loweruka, 15 Novembala 2025, 2:00 masana, malo omwewa.

9. KUTSEKA

Mayi Fatchi anatseka ndi pemphero nthawi ya 4:30. Potseka kagalasi kanali pa 36. Ampu inazimitsidwa, zipangizo zinalowetsedwa m'kabati, ndipo Mlembi anakhoma yekha.

Wasayina: Jonas Semba, Wapampando

Wasayina: Laurenti Alufandika, Mlembi ndi Wosunga Zokuzira Mawu