Mizere Makumi Atatu ndi Inayi

Milonde,
Mulanje.
16 Juni 2024

Wokondedwa mwana wanga Millie,

Ndikhulupirira kuti kalatayi ikupeza uli bwino pamodzi ndi amuna ako ndi ana kumeneko ku Mzuzu. Kodi chifuwa cha wamng'ono uja chinatha? Kuno tilipo, kungoti chiperoni chatikhalira sabata yonse. Mng'ono wako Tamanda ndi ana ake atatu akudzuka bwino.

Ndalemba kalata chifukwa pa foni mawu amandithawa.

Malume ako a Pilato anabwera Lachitatu. Akuti pa 6 Julayi abale adzasonkhana kuti andisudzule, poti chaka chakwana chimwalirireni amayi ako. Tsiku lomwelo adzagawa munda wa malemuwo pakati pa iwe ndi Tamanda. Akuti unawauza kuti adzabzale khonje m'malire kuti gawo lako lidziwike. Sunalakwe, ndi lako ndithu.

Koma ndilole ndikuuze zimene ndaona.

Zaka makumi awiri ndi zisanu ndi chimodzi ndinali kapitawo ku esiteti, ndipo mundawo ndinkangoudutsa. Chaka chino ndalima ndi Tamanda. Tsiku lina ndinawerenga mizere. Ilipo makumi atatu ndi inayi, Millie, yaifupi. Ndinabwereza poganiza kuti ndasokoneza. Ife anthu asanu ndi mmodzi, kuphatikiza achimwene ako awiri, tinkadya pamenepo.

Tamanda anandionetsa mmene amayi ako ankachitira. Pakati pa chimanga pali nandolo, pansi pali maungu, kalongonda akukwera mumtengo wa mango, chinangwa chili m'mphepete kuti tidzakhale ndi makaka mu Januwale. Ngakhale pachulu pali therere. Nditaponda malo amene ndinkayesa njira, Tamanda anakuwa kuti m'munda mwa amayi mulibe njira, ndiziyenda ngati nkhuku osati ngati thirakitala ya ku esiteti.  Ndinakhala ndi Esteri, amayi ako, zaka zonsezi osadziwa kuti m'nyumba mwanga muli munthu wanzeru chonchi.

Mwezi watha nkhuni zinatha, ndipo ndinatsagana ndi amayi a m'mudzi kuphiri. Anandiseka njira yonse, amvekere lero a kapitawo asenza nkhata, ndikatsalira m'mbuyo andidula tikiti ya malipiro ngati ku esiteti. Titafika pathanthwe lina ndinatembenuka.

Millie, ndakalamba pansi pa phirili koma ndinali ndisanaonepo kwathu kuchokera kumwamba. Tiyi anayala kuchokera m'tsinde mpaka kumene maso amalekera, wobiriwira, wosalala, wokongola moti ndinavula chipewa. Midzi yathu inapanikizika m'mipata, nyumba pa nyumba, timinda ngati zigamba za pa buluku. Munda wa amayi ako ndinaufunafuna. Nditaupeza ndinatambasula dzanja, ndipo wonse unabisika kuseri kwa chikhadabo changa.

Apa ndiulule. Kuntchito ndinkauza otchola tiyi kuti umphawi ndi ulesi. Mawu omwewo ndinawanena kwa amayi ako chaka chija unasiya sukulu uli Fomu 2. Iwo anangotenga khasu n'kutuluka.

Pathanthwe paja m'pamene ndinamvetsa. Agogo ako aakazi anali ndi munda kuchokera kumtsinje mpaka kumalire a tiyi, ndipo anaugawira ana aakazi anayi. Malire a tiyi sasuntha, ife tikuchuluka. Munda ukachepa, chakudya chimatha mvula isanagwe, munthu n'kumapalira m'munda mwa wina paganyu kwake kukumera tchire. Nandolo wochepayo amamugulitsa pamtengo umene venda wanena chifukwa sangadikire. Mwana wamkazi amasiya sukulu, n'kukwatiwa msanga, n'kubereka ana ofunanso pena polima. Amayi amene ndinakwera nawo aja anatsika ndi mitolo yoti ine sindikanaitukula n'komwe. Waulesi sindinamuone.

Tsono pempho langa ndi ili. Mizere khumi ndi isanu ndi iwiri singadyetse Tamanda ndi ana atatu, poti mwamuna wake chipitireni ku Joni sanamvekenso. Sindikunena kuti iwe uli pabwino, ndikudziwa kuti makina osokera amakupweteka msana ndipo m'tauni chilichonse n'chogula. Komabe usiye mundawo wathunthu m'manja mwa mng'ono wako. Dzina lako likhalepo, abale adziwe kuti mundawo ndi wakonso, koma khonje asabzalidwe.

Ine ndine mkamwini. Pa za nthaka ya kuno sindiloledwa kutsegula pakamwa, ndipo mwambo ukatha ndidzanyamula katundu wanga kupita kwa mlongo wanga ku Phalombe. A Pilato angamvere iwe wekha. Uwaimbire tsikulo lisanafike. Tamanda sakudziwa kuti ndakulembera, ndipo iye sangakupemphe, amakuopa.

Ukakana sindidzakuda, mwana wanga. Akadzafuna munthu wogwira chingwe choyezera, ndidzagwira ine, kuti Tamanda asachigwire.

Upereke moni kwa amuna ako a Hopewell ndi kwa adzukulu anga, uziwaveka majuzi m'mawa. Mulungu amene anasunga amayi ako pa mizere ija akusunge nawenso.

Ndine bambo ako,
Kingstone