Njira ya Adzukulu a Tsidya

Zomba
14 Ogasiti

Okondedwa achimwene a Goliati,

Poyamba mundikhululukire kalembedwe kanga. Mukudziwa kuti sukulu ndinalekezera sitandade folo, ndipo dzanja langa linazolowera kuchapa, osati cholembera. Pomwe zilembo zapindika muziganizire nokha, koma musapatse ana kuti akuwerengereni.

Muli bwanji kwathu ku Kachebere? Mwendo wa amayi uja ukutupabe? Ndimada nkhawa kuti mwina anasiya mankhwala poona kuti wayamba kuphwa. Ine m'thupi ndili bwino, koma mtima suli m'malo. Ndikanaimba foni, koma yanuyo imangogwira netiweki ya ku Zambia, komanso mukayankha amayi amakhala pambali kufuna kumva mawu anga. Nkhaniyi ndikufuna muyambe mwaimva nokha. Kalatayi ndapatsira a Sheila amene anabwera kudzaona mwana wawo kuno.

Kuno kukuzizirabe, madzi akumasiya kutuluka masana. Ntchito ikuyenda. Abwana anga, madamu a Ivy, ndi munthu wabwino, musawaganizire zoipa mukawerenga zotsatirazi. Amaphunzitsa ku yunivesite za mmene mayiko amakhalirana, chifukwa chake ena amamenyana ndipo ena amagwirizana. Lamulungu lililonse kumabwera mnzawo wa ntchito yomweyo, a Dickson, kudzadya mpunga wa nkhuku, ndipo amakangana mpaka chakudya kuzizira.

Madamu amati dziko lapansi likupita patsogolo. Akuti mayiko amaphunzira ngati anthu, ndipo akayamba kugulitsana malonda ndi kudalirana, nkhondo imawavuta kuyamba chifukwa aliyense amaopa kutaya mnzake. A Dickson amaseka, amati madamu anayenera kukhala asisitere. Iwo amati palibe chasintha chiyambire kale, dziko lililonse limangosamala mimba yake, ndipo mtendere umene timauona ndi nthawi imene wamphamvu wakhuta. Madamu amawabwezera kuti munthu wokhulupirira zimenezo sayenera kudya kwa eni ake popanda kuopa poizoni. Amaseka onse. Ine sindiseka. Ndikamva pa wailesi za mabomba kumayiko akutali ndimaganiza za inu okhala m'malire, ndiye mawu a Dickson amandilowa ngati chisanu.

Mwezi wathawu ndikuchotsa mbale, a Dickson anati madamu awaonetse malo amodzi okha pomwe anthu a mayiko awiri amasunga pangano popanda wapolisi, mfuti kapena pepala. Achimwene, sindikudziwa chinandigwira. Palibe anandifunsa. Ndinangomva pakamwa panga pakunena kuti kwathu zilipo.

Anandikhazika pa mpando, ine ndi apuloni yanga. Ndinawauza kuti ife maliro athu sitiika tokha, amatiikira adzukulu ochokera mudzi wa tsidya ku Zambia, ndipo iwonso akaferedwa timakakumba ndife. Ndinati zinayamba ndi makolo athu malire asanabwere, ndipo mpaka lero uthenga ukangofika amanyamula makasu n'kudutsa, kaya kuli mvula kaya tinakangana dzulo za mbuzi. Madamu anafunsa ngati amadzera pa boda. Ndinati ayi, boda ili kutali, maliro angaonongeke, amadzera kanjira ka kumadimba. Ndinawauza pomwe kamayambira. Ndinatchulanso dzina la a Mateyo, mkulu wa adzukulu a tsidyawo.

Chimene chikundiwawa koposa ndi ichi. Poona kuti akumvetsera, ndinafotokoza za maliro a bambo, mmene a Mateyo anavalira chipewa cha malemuwo n'kumayenda motsimphina ngati iwo, akukalipira nkhuku, mpaka amayi anaseka misozi ili m'masaya. Zimene zija zinali zathu. Ine ndinazitenga n'kusangalatsa nazo alendo pa tebulo.

Madamu anakondwa kwambiri. Anati zimene akhala akufufuza m'mabuku a azungu zinali m'khitchini mwawo momwe. Akufuna kulemba nkhaniyi n'kukaiwerenga ku msonkhano waukulu ku Lilongwe komwe kudzakhale akuluakulu a maboma onse awiri. Akuti akaimva adzapatsa adzukulu makadi odutsira mwaulemu, ndipo mayiko ena adzatengerapo phunziro. A Dickson anapukusa mutu. Anati boma likaona njira limaikapo chipata, likaika chipata limaikapo munthu wa yunifolomu, ndipo anandiyang'ana n'kunena kuti ndikonzekere kudzaika abale anga ndi chidindo. Ankanena moseka, koma ine chakudya sichinalowe tsiku limenelo.

Sizinathere pomwepo. Madamu anakumbukira kuti ndinapempha tchuthi cha mwezi wa mawa chifukwa cha chiliza cha bambo. Anafunsa ngati adzukulu adzakhalepo. Ndikananama, koma ndinati inde, popeza ndiwo adzamange chilizacho. Ndiye akuti adzanditenga pa galimoto yawo pamodzi ndi ophunzira awo, adzajambule ndi kucheza ndi a Mateyo. Ndinayankha kuti chabwino. Munthu amene amakulipira ndiponso anakugulira magalasi a maso umamukanira bwanji? Ndinavomera kubweretsa alendo ku mwambo umene si wanga ndekha, osafunsa inu, amalume, ngakhale amayi.

Chiyambire tsiku limenelo mutu wanga sukupuma. A Mateyo mukuwadziwa, nthabwala zawo ndi za pamaliro pokha, kunja kwake ndi munthu wosamala. Akadzaona galimoto yachilendo ndi makamera kumanda, adzati a ku Malawi atiitanira boma. Akhoza kubwerera panjira ndi simenti yosakandidwa. Chiliza chokha tingapeze mmisiri, koma akakwiya n'kutisiya, tsiku la amayi adzakumbe ndani? Pepani kuti ndalemba mawu otere amayi ali moyo, koma ndi amene akundizungulira m'mutu. Amayi anandiuza okha kuti safuna kuikidwa ndi anyamata aganyu ngati a m'tauni. Ndiye ine mwana wawo ndi amene ndingawatsekere njira.

Nthawi zina ndimati mwina madamu akunena zoona, mwina makadiwo angathandize, adzukulu n'kumadutsa osayang'ana kumbuyo. Iwo anaphunzira, ine ayi. Koma a Dickson nawonso anaphunzira mofanana, mabuku awo ndi omwewo, ndipo sagwirizana. Wina akalakwitsa adzangolemba pepala lina. Ife tikalakwitsa tilibe adzukulu ena.

Pempho langa ndi limodzi. Mupite nokha kwa a Mateyo sabata ino, musatume munthu. Mugwire tambala wanga wofiira uja ali kwa amayi, mupite naye. Mukawauze zonse monga ndalemberamu, osachotsapo, ndipo mukanene kuti wolakwa ndi Tereza, mudzi sukudziwa kanthu. Mukawafunse ngati alola alendowo kubwera. Akalola koma opanda makamera ndi mayina, ndidzagwada kwa madamu kuwapempha zimenezo. Akakana, mukwere pachulu paja pamagwira netiweki ya kwathu mundiimbire, ndidzawauza madamu kuti ulendo kulibe, ngakhale ndikuopa mmene adzandionere. Amayi muwauze mukabwerako, osati musanapite, angadwale ndi maganizo.

Mundiperekere moni kwa amayi, muwauze kuti mafuta opaka mwendo ali m'jumbo limene a Sheila atenga. Moni kwa alamu anga a Rozi ndi ana onse, kwa amalume ndi azakhali, ndi kwa achemwali a ku Dambe ngati abwera kudzathandiza kukonola chimanga cha pamwambo. A Mateyo sindikuwapatsa moni, ndilibe nkhope, mukaone nokha ngati n'koyenera.

Ulendo tingauletse, koma zimene ndinanena madamu anazimva kale, dzina ndi njira yomwe, ndipo msonkhano wa ku Lilongwe ulipobe. Sindinawapemphe kuti azichotse, ndipo sindikudziwa ngati angavomere.

Tsalani bwino, Mulungu akusungeni.

Ndine mlongo wanu,
Tereza