Mboni Zanga Zili pa Denga

Lolemba, 2 Sepitembala

Loya wabwera! Ba Gwendolyn, a ku bungwe lina la ku Lusaka, atisonkhanitsa ife ogulitsa nsomba pa msika wa Nangongwe. Akuti tingathe kuisumira fakitale ija imene imathira madzi akuda m'ngalande yopita ku mtsinje. Ine mtima dyokodyoko. Chiyambire kufa kwa nsomba, makasitomala anga amangonunkhiza n'kupitirira, ndipo bwato la mlongo wanga Evaristo likungouma pamtunda.

Ndinalankhula mpaka kukhosi gwa. Iwo anamvetsera, kenako: "Ba Felistus, nkhani yanu ni yabwino, koma jaji safuna nkhani. Afuna umboni." Madzi m'botolo loyera, nsomba yakufa yosungidwa pozizira, tsiku, malo, ndi dzina la aliyense woigwira. Zikapanda kupezeka mwezi uno, mlandu sulowa m'khoti.

Lachiwiri, 3 Sepitembala

Evaristo watola nsomba zoyandama pamene ngalande imathira mumtsinje, zilonda thupi lonse. Ndazikulunga, ndalemba tsiku, ndaziika mu filiji pansi penipeni. Ndalengeza nyumba yonse: izi si ndiwo, ndi mboni! Kenako ndavina ndekha m'khitchini, ine ntchembere yonseyi.

Lachinayi, 5 Sepitembala

Magetsi chichokere dzulo m'mawa. Filiji yayamba kudontha.

Lachisanu, 6 Sepitembala

Ndalira ngati mwana. Pochokera ku msika ndapeza mboni zanga zili pa denga, zong'ambidwa bwinobwino, mchere mbuu, zikuuma padzuwa. Azakhali anga, Ba Ennie, ali pamakwerero kuingitsa ntchentche, monyadira.

"Zenze zayamba kununkha, mwana wanga. Nsomba siingaole ine nilipo."

Anayamba kuyanika nsomba ine ndisanabadwe, manja anangogwira okha ntchito. Ndikudziwa. Komabe ndawakalipira mawu oti sindingalembe muno.

Loweruka, 7 Sepitembala

Ndaimbira Ba Gwendolyn. Anayamba aseka kaye, kenako n'kupepesa. Akuti loya wa fakitale angangofunsa kuti ndani anazigwira ndipo mcherewo unali ndi chiyani, basi tagwa chagada. Tiyambirenso, koma ulendo uno munthu wa ku labu yoyezera madzi adzatunge yekha madziwo akutuluka. Vuto ndi lakuti fakitale siilengeza tsiku lotsegula paipi. Ndani angakhale pa ngalande tsiku lonse? Tonse tili ndi ana odyetsa.

Ba Ennie anamva zonse. Nshima sanaikhudze.

Lolemba, 9 Sepitembala

Ba Ennie asenza mbaula ndi mbatata, akuti akukagulitsa pa ngalande. Kumene kumadutsa mbuzi zokhazokha! Ndawapatsa foni yanga yakale. Sitikuyang'anabe m'maso.

Lachitatu, 11 Sepitembala

Palibe, paipi sanatsegule. Ba Ennie abwerera ndi mbatata zonse, nkhope itapsa ndi dzuwa. Ndawatenthetsera madzi osamba.

Lachisanu, 13 Sepitembala

Lero!

Ndikupimira kasitomala tinsomba ta kapenta, foni inalira. "Felistus! Batsegula! Manzi yakuda bii, bwela!" Tebulo ndinasiyira mnzanga Juliet. Ndinaimba ku Lusaka ndikuthamanga, patapata m'manja, anthu akuyesa ndaberedwa.

Galimoto yochokera ku Lusaka sindinaidikirepo chonchi. Maso ku msewu, maso ku paipi, pakamwa pemphero: asatseke, Ambuye, asatseke. Fungo lake lolasa m'mphuno, koma lero ndinalikonda.

Ba Gwendolyn ndi wa ku labu anafika madzi akutulukabe! Mayi wa ku labu anavala magolovesi, anatunga, anamata mabotolo. Evaristo ankangoloza nsomba ndi nkhafi, mayiyo n'kumatola yekha kuika m'bokosi la ayisi. Ine kujambula, misozi ili mbwembwembwe.

Ba Gwendolyn anafunsa amene anaona paipi ikutsegulidwa. Nditacheuka, Ba Ennie aima patali ndi bokosi, manja onse awiri atawabisa kumbuyo m'chitenje.

"Ba loya, lembani kuti Ennie anaona na maso chabe. Sanagwileko."

Ba Gwendolyn analemba. Pa mboni za mlandu wathu, dzina la azakhali lili pamwamba pa langa.