Ndikufufuta Ntchito ya Manja Anga

Santa Clara, California

Okondedwa achemwali Padmaja,

Ndikhulupirira muli bwino nonse ku Tenali. Nanga mawondo a amayi akuwalola kuyenda? Ife kuno tilipo, kungoti mtima suli m'malo.

Kampani yathu yagulidwa. Paja zaka zonsezi ndakhala ndikulemba pulogalamu yoyendetsa masiwichi, mabokosi aja olondolera mauthenga pakati pa makompyuta m'zinyumba zosungiramo deta. Eni atsopanowa akuti pulogalamu yathu yakalamba, aikamo yaulere yomwe aliyense amangotenga pa intaneti. Ntchito yomaliza imene andipatsa ndi yofufuta yathuyo ndekha. Tayambira masiwichi ang'onoang'ono a pamashelefu, tidzamalizira akuluakulu amene agwira nyumba yonse ngati msana. Ndikadina, timagetsi timathima, kenako timayakanso, mauthenga n'kumayenda ngati sindinakhalepo.

Hollis, mnzanga amene tikuzula naye mawaya, amandinena kuti sanaonepo munthu wodzikumbira manda mwaukhondo ngati ine. Ndinamuuza kuti asaiwale, fosholo inayo ili m'manja mwake. Anaseka mpaka kutsokomola. Kenako anati iye zikatha akupita kwawo ku Idaho kukawedza nsomba, nanga ine? Ndinangoyang'ana mawaya.

Chilolezo changa chokhalira kuno n'chomangirira pa ntchitoyi. Ikatha, ndikapanda kupeza ina msanga, tonse tinyamuke kubwerera kwathu. Ndafunsira m'makampani ambiri. Ena amayankha mwaulemu kuti zimene ndimadziwazo sakuzifunanso, ena sayankha n'komwe.

Mlamu wanu Sirisha wayamba kugawa miphika yake ya maluwa kwa anansi. Koma amene akundisowetsa mtendere ndi mwana wathu Mounika. Anabwera kuno ali wakhanda, chilankhulo chathu cha Chitelugu amangochimva, kuchiwerenga sadziwa. Titamuuza, anafunsa ngati mayeso ake a chaka chamawa akawerengerebe. Amayi ake anati inde. Iye anati tisamunamize, si mwana, n'kukatseka chitseko.

Pempho langa ndi limodzi, achemwali. Muwauze alamu anga afunse kusukulu ya Chingerezi ya ku Guntur ija ngati angalandire mtsikana wa msinkhu wake pakati pa chaka. Amayi musawauze kaye. Ndikufuna adzamve kwa ine, ndikadzapeza mawu ake.

Mundiperekere moni kwa amayi, kwa alamu, kwa azakhali a ku Repalle ndi kwa ana onse. Achare wa mango amene mumati mutumize uja musavutike naye. Tidzadyera konko.

Ine mlongo wanu,
Sudhakar