Chala changa chili m'kanema wa alamu

Aphungu,

Ndine telala, ndipo foni yandiputira mavuto. Alamu anga, akulu awo a amuna anga, akupikisana nawo pa ukhansala. Ndale zawo ndi zakale zija za chimkuzamawu: kumtunda kwa msewu amalankhula zina, kumunsi zina, mawu n'kuthera pomwepo.

Lolemba analonjeza akumtunda kuti msika watsopano udzamangidwa kwawo. Lachinayi analonjeza akumunsi msika womwewo, n'kuwonjezera kuti, "Akumtunda aja ngakhale kuunjika tomato sadziwa." Ine, pofuna kuwatchukitsa, ndinajambula misonkhano yonse iwiri n'kutumiza pa gulu la pafoni la makasitomala anga. Zimene ankanena sindinamvetsere, maso anali pa jekete yomwe ndinawasokera, mmene ikuwakhalira. Pofika Loweruka wina anali atalumikiza makanema awiriwo, ndipo tsopano ndi ana omwe akuwaitana kuti "Misika Iwiri."

Dzulo anabwera ku shopu, anakhala pafupi ndi makina osokera, nati, "Mlamu, ndinu nokha amene ndimakukhulupirirani. Mundipezere kazitape ameneyu. Ndikamudziwa, pakhomo panga asadzapondenso." Vuto ndi loti pakona pa makanema onse awiri pakuoneka chala chachikulu chomangidwa ndi kansalu kobiriwira. Chalacho chinabayidwa ndi singano, ndipo ndi changa. Moni ndinawapatsa dzanja lili m'thumba. Ndiulule, kapena ndidikire chipole?

T.N., kumunsi kwa msewu

Mayi T.N.,

Chala chipola, kanemayo sapola. Ululani sabata ino. Yambani ndi amuna anu, kenako mupitire limodzi kwa alamu, makamaka atangomaliza kudya. Musapepese chifukwa chojambula, pepesani chifukwa chosamvetsera. Msika wachiwiriwo sunapekedwe ndi foni, anaupeka ndi iwo.

Mkwiyo ukatsika, auzeni zimene owaombera m'manja akuopa kuwauza: masiku amene mawu ankapita ndi mphepo anatha, pano mtolankhani ali m'thumba la aliyense. Asankhe malo amodzi a msika, awatchule pa kanema mmodzi, ndipo apepese kwa ogulitsa tomato akumtunda, chifukwa nawonso amavota. Dziperekeni kujambula nokha, chala chili patali.

Koma musayerekeze kunamizira adani awo. Makasitomala anu onse anachiona chalacho mukuwayeza m'chiuno, ndipo akungodikira tsiku limene mudzachedwetse diresi.